Msonkho wopanda lisiti: kumene kunapita ndalama za makolo athu ku Zimbabwe

Mu sosaite yathu ya maliro kuno ku Mufakose, mu Harare, ndine amene ndimasunga buku la ndalama. Udindowu ndinaulandira kwa malemu bambo anga, pamodzi ndi thiranki yachitsulo momwe muli mabuku onse akale kuyambira m'zaka za m'ma 1980. Buku loyamba ndi laudongo. Membala aliyense akusonkha timadola tochepa pamwezi, ndipo zikaphatikizana zikukwanira bokosi, galimoto ndi ufa wa pasiwa. Buku la 2008 manambala sakukwananso m'mizere yake, moti bambo anachita kulitembenuza n'kumalemba chopingasa. Kenako pali tsamba limene analemba mawu awiri okha akuti "Tayambanso lero." Tsamba lotero ndinadzalilembanso ndekha mu 2019.

Pamsonkhano wa mwezi watha gogo wina, mayi amene anayamba kusonkha ine ndisanabadwe, anandifunsa anthu onse akumva. "Mwana wanga, ndikudziwa kuti bambo ako sanabe ngakhale khobidi, iwenso sunabe. Nanga ndalama zathu zija zinapita kuti?" Ndinawayankha mwachidule kuti, "Agogo, zinadyedwa ndi kukwera kwa mitengo." Anangogwedeza mutu, koma ine yankholo linandisowetsa tulo. Mitengo siyikwera yokha ngati madzi a mumtsinje. Pali amene anasankha zinthu zina, pa masiku odziwika, ndipo ndalama za agogowo zinagwira ntchito yolipira zosankhazo.

Boma lili ngati banja pa chinthu chimodzi: limadya zimene lapeza. Limapeza kudzera mumsonkho, ndipo zikapanda kukwana limakongola, kwa anthu ake kapena kunja. Kusiyana kwake n'kwakuti boma lili ndi khomo lina limene banja lilibe. Likhoza kuuza banki yaikulu kuti ipange ndalama zatsopano. Ndalama zikachuluka pamene chimanga, sopo ndi mafuta zili zomwezo, ndalama iliyonse imagula zochepa. Boma limagula zimene limafuna pamtengo wa lero, ndipo amene anasunga ndalama kubanki kapena amene akudikira penshoni amadzapeza kuti zake zachepa mphamvu. Wakhoma msonkho osauzidwa, osapatsidwa lisiti, ndipo nyumba ya malamulo sinavotepo.

Ife amene makolo athu anachokera ku Malawi nkhani ya msonkho tiyenera kuimvetsa kuposa wina aliyense, chifukwa ndi imene inatibweretsa kuno. Boma la atsamunda ku Nyasaland linakhazikitsa msonkho wa nyumba m'zaka za m'ma 1890, nthawi ya Harry Johnston. Pambuyo pake anakonza zoti munthu amene wagwira ntchito mwezi wathunthu kwa mzungu azikhoma theka lokha. Cholinga chinali poyera: munthu achoke pamunda pake akagwire ntchito yolipidwa. Kuno nakonso kampani ya British South Africa Company inayamba kutolera msonkho wa nyumba mu 1894, ndipo mu 1904 unasanduka wa paundi imodzi pa mwamuna wamkulu aliyense. Agogo anga aamuna anachoka ku Dedza wapansi ali mnyamata kudzafuna ndalama ya msonkho ndi ya bulangete, n'kukhala mtchona. Mpaka imfa yawo ankasunga ziphaso za msonkho m'kachitini ka fodya, zopindapinda, zachikasu ndi ukalamba. Msonkho umenewo unali wankhanza, koma munthu ankadziwa kuti wamulanda zingati, ndani, ndipo liti.

Nthawi ya chitaganya cha Rhodesia ndi Nyasaland, kuyambira 1953 mpaka 1963, likulu linali Salisbury, Harare wa lero, ndipo ndalama zambiri za m'thumba la chitaganyacho zinkachokera ku mkuwa wa ku Northern Rhodesia, Zambia wa lero. Damu la Kariba linamangidwa nthawi imeneyi ndi ngongole, gawo lalikulu kuchokera ku World Bank. Zambiri zokongola za mzinda uno zinamera pa ndalama za mayiko atatu ndi thukuta la anthu onga agogo anga. Ian Smith, mtsogoleri wa boma la azungu kuno, atalengeza ufulu wake wosavomerezeka pa 11 November 1965, mayiko anamutsekera malonda, ndipo boma lake linayankha pogwira chilichonse m'manja: ndalama zakunja, mitengo, katundu wolowa m'dziko. Makampani a penshoni ndi inshuwalansi ankakakamizidwa ndi lamulo kukongoza boma gawo la ndalama za anthu. Zida zimenezi boma latsopano linazipeza zili chikhalire mu 1980, pamodzi ndi ngongole ya madola a America pafupifupi 700 miliyoni, yambiri yake ya nkhondo.

Za zaka khumi zoyamba za ufulu ndimazinena mwaulemu, chifukwa ndine mmodzi wa amene anapindula. Dola ya Zimbabwe inayamba ili yamphamvu kuposa ya America. Sukulu ya pulayimale inakhala yaulere, ndipo ana olembetsa anachoka pa 800,000 ndi kanthu mu 1979 n'kudutsa 2 miliyoni pofika 1985. Wolandira ndalama zosakwana madola 150 pamwezi sankalipira kuchipatala. Mdzukulu wa mtchona wosadziwa kulemba anafika Fomu 4. Ndalama zimenezo zinagwira ntchito yooneka ndi maso. Komabe bajeti ya Bernard Chidzero, nduna ya zachuma ya nthawi imeneyo, inkaperewera chaka ndi chaka ndi ndalama zokwana pafupifupi gawo limodzi mwa magawo khumi a chuma chonse chimene dziko linkapanga. Kuwonjezera pa sukulu ndi zipatala, boma linkasenza makampani ake olephera kudziimira, monga a njanji ndi a zitsulo ku Redcliff, komanso asilikali amene ankalondera njira ya ku Beira mu Mozambique. Dzenjelo ankalikwirira ndi ngongole, ndipo ambiri mwa okongoza anali antchito eniake kudzera m'mapenshoni awo, iwo osadziwa.

ESAP, ndondomeko yosintha chuma imene boma linagwirizana ndi IMF ndi World Bank, inayamba mu 1991. Fizi inabwerera m'masukulu a m'tauni, kuchipatala n'kuyambanso kulipira, mitengo inamasulidwa, mafakitale a nsalu anagonja ndi katundu wakunja ndipo anthu anachotsedwa ntchito. Chilala cha 1992 chinapeza nkhokwe za dziko zili pafupifupi mbee chifukwa chimanga chinali chitagulitsidwa, ndipo tinadya nsima yachikasu ya chimanga chogula kunja. Chimene ambiri sachitchula n'chakuti ESAP inamasulanso chiwongoladzanja. Boma limene linazolowera kukongola motsika mtengo linayamba kulipira chiwongoladzanja chokwera pa ngongole zake za m'dziko, moti zimene linapulumutsa pochotsa ufa wotchipa pakamwa pa osauka zinakathera kwa okongoza. Bajeti inapitiriza kuperewera.

Chaka chimene ndimachiyang'ana kwambiri ndi 1997. Asilikali akale a nkhondo ya ufulu, motsogozedwa ndi Chenjerai Hunzvi, anachita zionetsero mpaka kumusokoneza Pulezidenti Robert Mugabe polankhula ku Heroes Acre, manda a ngwazi za dziko, mu August. Madandaulo awo anali ndi maziko, chifukwa ambiri anali paumphawi pamene thumba lothandiza ovulala pankhondo linali litadyedwa ndi akuluakulu. Mugabe analonjeza aliyense mwa anthu pafupifupi 50,000 madola 50,000 nthawi imodzi ndi penshoni ya madola 2,000 pamwezi. Ndalama zimenezi munalibe mu bajeti. Boma litayesa kuzitolera poika msonkho watsopano pamalipiro, bungwe la antchito la ZCTU linaimitsa dziko mu December ndipo msonkhowo unachotsedwa. Apa mpamene pali phata la nkhani yonse. Anthu anakana msonkho wooneka, boma silinabweze lonjezo lake, ndiye ndalamazo zinayenera kutuluka pakhomo lina lija. Amalonda anali ataziona kale. Lachisanu pa 14 November 1997, dola ya America imene inkagulidwa ndi madola a Zimbabwe pafupifupi 14 inadumpha kupyola 20 m'maola ochepa. Mu January 1998 mtengo wa ufa utakwera, anthu anaswa masitolo muno mu Harare ndi ku Chitungwiza. Mu August chaka chomwecho boma linatumizanso asilikali kunkhondo ya ku Congo, ndipo anafika pafupifupi 11,000, ulendo wina wopanda bajeti.

Kuchokera apo makomo anayamba kutsekeka limodzilimodzi. Dziko linasiya kubweza ngongole zakunja panthawi yake, ndipo World Bank, IMF ndi African Development Bank anasiya kukongoza. Mu 2001 America inakhazikitsa lamulo la ZDERA louza nthumwi zake m'mabungwe amenewa kuti zizikana ngongole zatsopano za Zimbabwe. Anthu amakangana kwambiri kuti cholakwa ndi masankishoni kapena boma. Ine ndimaona kuti masankishoni anapwetekadi, makamaka poopseza mabanki akunja, koma kulephera kubweza kunayamba lamulolo lisanabwere, ndipo malamulo a mabungwewo salola kukongoza amene ali ndi ngongole yodutsa nthawi. Kulanda mafamu kuyambira 2000 kunagwetsa fodya ndi mbewu zina zobweretsa ndalama zakunja, msonkho n'kuchepa. Anthu athu ambiri anali m'makomboni a m'mafamu, ndipo ochuluka anataya ntchito ndi pogona osalandirako munda. Lamulo la unzika la 2001 linawasiya ambiri ali ndi zitupa zowatcha alendo, osaloledwa kuvota, mpaka malamulo aakulu a dziko a 2013 anakonzako zinthu. Pazaka zonse zimene chuma chinkaphwasuka, ife tinkalipira nawo koma tilibe mawu.

Gideon Gono atakhala gavanala wa Reserve Bank of Zimbabwe mu December 2003, banki yaikulu inasanduka boma lachiwiri. Inkagula mathirakitala ndi makasu a ng'ombe n'kugawa, inkapereka ngongole zotchipa kwa alimi ndi makampani, inkagula mafuta, mpaka kugawa zakudya pansi pa pulogalamu ya BACOSSI. Ntchito zimenezi ndi za bajeti, zoyenera kudutsa m'nyumba ya malamulo, koma zinkalipidwa ndi makina osindikiza. Panalinso njira ina yolemeretsa ochepa: amene anali ndi mwayi ankagula dola ya America pamtengo wa boma, wotsika kwambiri, n'kukaigulitsa pamtengo wa mumsewu. Phindu lawo linkachokera kwa wogulitsa fodya kapena golide amene ankakakamizidwa kupereka ndalama zake zakunja pamtengo wa bomawo.

Mu August 2006 anachotsa maziro atatu pa ndalama. Mu June 2007 boma linalamula masitolo kudula mitengo pakati, apolisi n'kumanga eni masitolo, ndipo patangotha masiku ochepa mashelefu anali mbee. Mu August 2008 anachotsa maziro khumi, mu February 2009 khumi ndi awiri, onse pamodzi 25. Chiwerengero chomaliza chimene boma linatulutsa, cha July 2008, chinati mitengo yakwera ndi maperesenti 231 miliyoni pachaka. Pofika November akatswiri ena anawerengera kuti mitengo inkawirikiza pafupifupi tsiku lililonse. Mu January 2009 kunatuluka pepala limodzi la madola 100 thiriliyoni.

Bambo anga anali atapuma ntchito zaka zochepa izi zisanachitike, atadulidwa ya penshoni mwezi ndi mwezi kwa zaka zoposa makumi atatu. Ndimakumbukira m'mawa wina mu 2008 nditawaperekeza kutauni. Anavala jekete yawo ya kutchalitchi, anaima pamzere kuyambira kusanache, ndipo dzuwa litapendeka anatuluka ndi ndalama zimene banki inkalola kutapa patsiku. Anaziwerenga kawiri, kenako anati, "Tiye tiziyenda, mwanawe." Sizinkakwana kombi ya anthu awiri. Tinayenda wapansi mpaka ku Mufakose osalankhulana. Chaka chomwecho kolera inalowa ku Budiriro ndi ku Glen View chifukwa madzi a m'mipope anali atasiya kuthiridwa mankhwala mokwanira, ndipo m'dziko lonse inapha anthu oposa 4,000. Sosaite yathu inaika anthu m'mabulangete ndi m'matabwa a mawadiropu.

Nayi mfundo imene ndinalephera kuwauza agogo aja pamsonkhano. Kukwera kwa mitengo kunafafaniza ngongole yonse imene boma linali nayo kwa anthu ake m'madola a Zimbabwe. Zonse zimene linakongola ku mapenshoni, ku inshuwalansi ndi kumabanki kuyambira nthawi ya Smith zinasanduka ziro. Wokongola anamasuka, wokongoza anatsala manja lende. Mu 2015 ndalama yakale itathetsedwa mwalamulo, akaunti iliyonse yokhala ndi madola osapitirira 175 kwadiriliyoni inapatsidwa madola asanu a America. Chaka chomwecho nyumba ya malamulo inavomereza kuti ngongole ya banki yaikulu, yoposa madola a America 1.3 biliyoni, isenzedwe ndi okhoma msonkho, ndipo mayina a amene analandira mathirakitala boma silinawatulutse. Komiti yofufuza za mapenshoni yotsogozedwa ndi woweruza wopuma George Smith inapeza kuti anthu anaonongeredwadi ndipo ayenera kupepesedwa. Bambo anamwalira akudikira.

Zaka za 2009 mpaka 2013 zinaonetsa kuti matendawa ali ndi mankhwala. Dziko litayamba kugwiritsa ntchito dola ya America ndi randi, makina osindikiza anazima, ndipo mitengo inaima pafupifupi nthawi yomweyo. Tendai Biti, nduna ya zachuma m'boma la mgwirizano, ankati tidya chimene tapha, kutanthauza kuti boma ligwiritse ntchito zokhazo zimene latolera. Ogwira ntchito m'boma anayamba ndi madola 100 pamwezi. Unali moyo wothina, ndipo malipiro ankameza gawo lalikulu la bajeti moti misewu ndi mipope sizinkaonako kanthu. Mu January 2013 Biti anauza atolankhani kuti atalipira antchito, mu akaunti ya boma munatsala madola 217. Komabe m'buku la sosaite yathu zaka zimenezo ndi zokhazo zimene ndalama ya January inkagula bokosi lomwelo mu December.

Funso limene anthu ambiri amandifunsa ndi lakuti, ngati tinkagwiritsa ntchito dola ya America, imene Zimbabwe singaisindikize, zinatheka bwanji kuti ndalama zathu zisungunukenso? Yankho lili m'makompyuta a mabanki. Pambuyo pa 2013 boma linayambanso kugwiritsa ntchito zoposa zimene linkatolera, makamaka pa malipiro ndi pa pulogalamu ya Command Agriculture imene inayamba mu 2016. Linkalipira polemba zikalata za ngongole, ma Treasury Bill, komanso potapa mopitirira malire ku banki yaikulu. Wolipidwa ankaona nambala yalowa mu akaunti yake yolembedwa kuti madola a America, koma kuseri kwa nambalayo kunalibe dola yeniyeni imene inalowa m'dziko. Manambala anachuluka kuposa mapepala obiriwira, mizere inabwerera kumabanki, ndipo mu November 2016 gavanala wa banki yaikulu John Mangudya anatulutsa mapepala a ndalama otchedwa ma bond note n'kulonjeza kuti ndi ofanana ndi dola ya America, imodzi kwa imodzi. Osintha ndalama pa siteshoni ya mabasi ya Roadport sanakhulupirire, ndipo mitengo inakhala itatu: wa dola yeniyeni, wa bond, ndi wa kuswaipa khadi kapena kulipira pafoni ndi EcoCash.

Mu October 2018 maakaunti anagawidwa pawiri, a dola yeniyeni ndi a manambala aja. Mwezi womwewo nduna ya zachuma Mthuli Ncube anaika msonkho wa masenti awiri pa dola iliyonse yotumizidwa pafoni kapena pabanki. Msonkho umenewu umandiwawa chifukwa mayi wogulitsa tomato ku Mbare Musika amaulipira mofanana ndi mwini fakitale, koma ndiyenera kuvomereza kuti ndi wooneka, ndipo unathandiza kutseka dzenje la bajeti. Chopweteka kwambiri chinadza mu February 2019, pamene lamulo la SI 33 linati manambala onse aja tsopano ndi ndalama yatsopano ya RTGS. Inayamba pa 2.5 pa dola ya America, ndipo pofika kumapeto kwa 2020 inali itadutsa 80. Khoti la Supreme linagamula mu 2020 kuti ngongole zakale za m'madola a America zikhoza kubwezedwa ndi ndalama yatsopanoyi, imodzi kwa imodzi. Mu July 2020 mitengo inali itakwera ndi maperesenti oposa 800 pachaka. Sosaite yathu inali itaika kubanki madola enieni, osonkhedwa limodzilimodzi ndi amayi ochapa ndi abambo olondera. Apa mpamene ndinalemba tsamba langa la "Tayambanso lero."

Ndalama ina yatsopano, ZiG, inabwera pa 5 April 2024, pansi pa gavanala John Mushayavanhu, ndalama yakale itafika poposa 30,000 pa dola imodzi. Inayamba pa 13.56, ndipo akuti ili ndi golide ndi ndalama zakunja kumbuyo kwake. Mu September chaka chomwecho banki yaikulu inaitsitsa mphamvu ndi maperesenti oposa 40 tsiku limodzi. Ndikufuna ndithu kuti ZiG ikhazikike, chifukwa dziko lopanda ndalama yake limavutika ngakhale ndi chenji cha kombi. Koma golide wa m'chipinda cha banki sindiye adzaiteteze. Idzatetezedwa ngati boma lidzaleka kulipira makontirakitala a misewu ndi madamu ndi ndalama zimene silinatolere. Pamwamba pa izi pali ngongole ya boma, imene mu 2024 inali madola a America pafupifupi 21 biliyoni, yambiri ya kunja ili yodutsa nthawi, kuphatikizapo 3.5 biliyoni imene boma linalonjeza mu 2020 kulipira alimi olandidwa mafamu pa zimene anamanga. Antchito a m'mafamuwo m'pangano limenelo mulibe. Zokambirana zothetsa ngongolezi, zimene Joaquim Chissano wa ku Mozambique anapemphedwa kuthandizira, zikuyenda pang'onopang'ono, ndipo mpaka zitatheka boma lilibe kokongola motchipa. Likapanikizika, khomo lapafupi ndi lomwe lija.

N'chifukwa chake bajeti ikamawerengedwa mu November ine ndimasiya zonse n'kumvetsera. Sindilabadira kwambiri malonjezo a milatho. Ndimadikira manambala awiri, zimene akuti atolera ndi zimene akuti agwiritsa ntchito, kenako ndimamvetsera kuti kusiyanako akuti akulipira ndi chiyani.

Lamlungu lapitali ndinapita kunyumba kwa agogo aja ndi buku la 2008 m'manja, n'kuwafotokozera zonsezi pang'onopang'ono: kuti zina mwa ndalama zawo zinamanga sukulu imene ine ndinaphunzirako, zina zinapita ku Congo, zina zinagula thirakitala ya munthu amene sitidzamudziwa. Anamvetsera mpaka kumapeto, kenako anati, "Fodya wako ndi amene ali pamphuno, mwana wanga. Tsono za mwezi uno usakaike kubanki." Ndinawauza kuti komiti inagwirizana kale. Theka tikugula matabwa ndi mabulangete n'kusunga kwa atcheya, theka likukhala m'madola a America m'nyumba zitatu zosiyana, ndipo aliyense wosunga amasaina m'buku pamaso pa mboni ziwiri. Anapempha kuti aone pamene pali dzina lawo. Ndinawatsegulira, ndipo anayendetsa chala pamzere wawo kuyambira January mpaka pamene tafika.